Munda wa M'foni ya Wachigayo

"Kodi munthu akabwereza kalasi, chaka chathacho chimapita kuti?"

Anafunsa funsoli ndi mwana wa zaka zisanu ndi zinayi, ataima pakhonde la chigayo, lipoti la kusukulu lili m'manja mwa bambo ake. Pakhondepo panali amayi asanu odikira magetsi, ndi mkulu wina wogulitsa mizimbe. Onse anamumva. Mayi wina anaseka pang'ono n'kusiya. Wina anayamba kumanganso kukamwa kwa thumba limene linali lomanga kale. Bambo akewo anangopinda lipotilo.

Makolo anzanga, ndiloleni ndikuuzeni za bambo ameneyo. Ndi fanizo chabe, ndipo nanenso ndikulilingalirabe.

Panali munthu wina wogwira ntchito pachigayo cha pamsika wina wa m'mbali mwa msewu. Chigayocho sichinali chake. Iye ankangokonola, kugaya ndi kusesa gaga. Anali munthu wosamala zinthu. Msomali wopindika sankautaya. Chingwe chikaduka ankachilumikiza. Anali ndi mkazi ndi mwana mmodzi, dzina lake Ndaziona, amene ankaphunzira Sitandade 3.

Ntchito ya pachigayo ili ndi nthawi yambiri yongokhala. Magetsi akazima, makina amati zii, ndipo munthu umangoyang'ana msewu. Tsiku lina lotere kunafika mlamu wake Yotamu, mchimwene wa mkazi wake, amene ankayendetsa kabaza wa njinga yamoto. Anapeza wachigayo akuwodzera atatsamira thumba la gaga.

"Alamu, mlongo wanga ndinampereka kwa mwamuna kapena kwa thumba?" anatero Yotamu. "Bweretsani foni yanuyo ndikupatseni munda."

Anamutsegulira tsamba lina la pa intaneti. Anali masewera osafuna kuwaika m'foni, osadyanso bandulo yambiri. Pagalasi panaoneka munda wopanda kanthu ndi khasu limodzi. Ukadina khasulo, umapeza njere imodzi ya chimanga. Njere zikachuluka, umalemba waganyu, ndipo waganyuyo amalima yekha, kukubweretsera njere ngakhale chala chako chitapuma. Kenako umagula ng'ombe zolimira, kenako mpope wothirira, kenako thirakitala. Chilichonse ukachigula, chinzake chotsatira chimakwera mtengo. Koma chodabwitsa chinali chakuti ngakhale utseke tsambalo n'kuika foni m'thumba, antchito ako amapitiriza kulima. Ukadzatsegula, umapeza njere zikukudikira m'nkhokwe.

Pakona ya galasi panali batani lofiira lojambulidwa lawi la moto.

"Nanga ili?" anafunsa wachigayo.

"Limenelo ndi lotenthera munda. Mukalidina, aganyu amabalalika, ng'ombe zimapita, mpope ndi nkhokwe zimapsa. Mumabwerera ku khasu limodzi. Koma mumatsala ndi phulusa, ndipo phulusalo silitha. Mukadzalanso, chilichonse chimabereka kuposa kale."

"Munthu wabwinobwino angatenthe munda wake uli ndi mbewu?"

"Inu limani kaye," anatero Yotamu, n'kuliza njinga.

Wachigayo anawakonda masewerawo, koma ankasewera monga mwa mtima wake. Ankadina khasu osapuma, ngakhale atalemba aganyu makumi asanu, chifukwa ankaona ngati akangosiya, mundawo ugona. Njere ankaziumira. Ankazisunga kuti zidzakwane thirakitala, ndipo nkhokwe ankaikulitsa mobwerezabwereza kuopa kuti ingadzaze njere zina n'kutayika. Batani lofiira lija ankalizemba ndi chala ngati munthu wozemba mbaula ya moto.

Yotamu akasowa makasitomala ankaima pachigayopo n'kusuzumira pagalasi.

"Alamu, chala chimenecho chidzatha ngati choko. Kudina n'kwa tsiku loyamba lokha. Mukalemba antchito, ntchito yanu n'kusankha basi."

"Kusankha chiyani?"

"Chogula. Musamayang'ane chachikulu. Muziyang'ana chimene chibweze msanga njere zimene mwachigulira. Thirakitala mukuidikirayo mudzaiona mwezi wamawa. Mukanagula ng'ombe lero, ng'ombezo zikanakugulirani thirakitala pofika Loweruka."

Tsiku lina Yotamu anaseka mpaka kugwira m'mimba.

"Makasu simunanole? Taonani apa. Mukanola makasu, waganyu aliyense amalima kawiri pamene ankalima kamodzi. Inu mukungounjika anthu ndi makasu obuntha. Ndipo musanatseke foni, njere zonse muzigulira antchito. Njere ya m'nkhokwe sibereka."

"Njere ya m'nkhokwe sisowa," anayankha wachigayo.

"N'chifukwa chake mlongo wanga akuvalabe chitenje cha paukwati."

Zina wachigayo anamvera. Makasu anawanola. Ng'ombe anagula, ndipo thirakitala inabweradi msanga. Koma za batani lofiira anakanitsitsa. Patapita miyezi itatu, munda wake unali waukulu, wobiriwira, wokongola kuuona. Koma unaima. Zinthu zinakwera mtengo mwakuti ankadikira masiku atatu kuti agule mpope umodzi, ndipo akaugula, panalibe chosintha chooneka. Pamenepo n'kuti Yotamu atatentha wake katatu, ndipo pagalasi lake pankaoneka zinthu zimene wachigayo anali asanazionepo, monga sitima yonyamula chimanga. Wachigayo ankangoti, "Wanga sunapsepo," n'kupitiriza kudina.

Ndaziona akaweruka kusukulu ankadzera kuchigayo, chifukwa amayi ake ankagulitsa zitumbuwa mumsika mpaka dzuwa kupendeka. Ankakhala pabenchi ndi kope lake. Anali mwana wofatsa, wosavutitsa. Ankakonda kusuzumira ng'ombe za pagalasi zija zikuyenda uku ndi uku. Nthawi zina ankati, "Ababa, taonani zimene talemba lero." Bambo ake ankaponya diso, n'kuona mizere yodzaza bwino, zilembo zoongoka, n'kunena kuti, "Wakhoza, pitiriza," chala chikadali pakhasu. Mumtima ankati mwanayu ali ndi aphunzitsi, ali ndi kope, ali ndi yunifolomu. Zake zikuyenda zokha.

Tsiku lotsekera sukulu, Ndaziona anabwera ndi lipoti. Bambo ake analitsegula pakhonde pomwepo, ndipo mosaganizira anawerenga mokweza mawu a m'munsi: abwereze Sitandade 3. M'pamene mwanayo anafunsa funso lija.

Masana omwewo wachigayo anapita kusukulu. Anapeza aphunzitsi a kalasiyo akumanga mabuku m'katoni.

"Bambo, mwana wanu ndi wakhalidwe," anatero aphunzitsiwo. "Dzanja lake ndi labwino kuposa la anzake ambiri. Koma za pabolodi amangozikopera ngati akujambula maluwa. Sawerenga. M'kalasi muli ana opitirira zana, ndipo ine ndazindikira mochedwa, ndikuvomera. Akapita kutsogolo chonchi, adzangokhala chete kumbuyo, ndipo maphunziro akadzayamba kuvuta adzatayikiratu. M'mera mpoyamba."

Wachigayo anathokoza mwaulemu, koma sanakhulupirire. Makope anali atawaona ndi maso ake.

Kutsidya kwa mtsinje kunali sukulu ina imene inkalandira ana osafunsa zambiri. Ukapita ndi mwana n'kunena kuti wamaliza Sitandade 3, ankamulemba Sitandade 4. Makolo angapo anali atachitapo zimenezo pothawa manyazi. Wachigayo anaganiza zochita chimodzimodzi, ndipo anauza mkazi wake akudya.

"Bambo a Ndaziona, tisafulumire," anatero mkaziyo. "Tiyambe tawauza amalume ake."

"Amalume ake adzamva. Koma mwana wanga sabwerera m'mbuyo. Chaka chathunthu chipite pachabe? Anzake onse apite, iye atsale ndi tiana tosapukuta mamina?"

"Nanga ngati aphunzitsi akunena zoona?"

"Zikakonzeka kutsogolo."

Mkaziyo anayamba kuchotsa mbale. Sukulu inali kudzatsegulira patatha masabata asanu ndi limodzi, ndipo wachigayo anati akamulembetsa kutsidya sabata yomaliza.

Mwezi wa Ogasiti kunawomba chimphepo, mtengo unagwera mawaya, ndipo magetsi anazima masiku atatu. Foni ya wachigayo inatha moto tsiku loyamba lomwelo. Chala chake chinkayabwa. Ankaganizira munda wake uli wokha, ndipo mtima unkamupweteka ngati wasiya mbuzi pamsewu.

Pachigayopo panali chizolowezi chakuti magetsi akazima nthawi yaitali, anthu ankasiya matumba awo m'kati. Aliyense ankalemba dzina lake pathumba ndi khala, ndipo matumbawo ankawandandalika monga mwa kufika kwa eni ake. Pofika tsiku lachitatu, chipinda chinali chitadzaza. Masana a tsikulo kunabwera mayi wina wotopa ndi kudikira, amene ankafuna kutenga chimanga chake kupita nacho kuchigayo cha dizilo. Wachigayo anali atamasula sefa ya makina, manja ali girisi yekhayekha.

"Ndaziona," anaitana, "tawasonyeza amayiwa thumba lawo. Lalembedwa kuti Nangozo."

Mwanayo analowa. Anaima pakati pa matumba nthawi yaitali. Anagwira limodzi, n'kulisiya. Anagwira lina. Kenako analoza thumba la pakona.

"Ndi ili."

Mayiyo anawerama n'kuphulika kuseka. "Iwe mwana, ine ndasanduka Abiti Saidi liti? Ukufuna andimange ndi chimanga cha eni?" Koma ataona nkhope ya mwanayo, kuseka kunathera pakhosi. Anapeza yekha thumba lake, n'kulisenza, n'kutsanzika motsitsa mawu.

Wachigayo anapukuta manja. Anatola khala, n'kulemba pasimenti dzina la mwana wake.

"Apa palembedwa chiyani?"

"Ndaziona."

Analembanso pansi pake mawu a zilembo zitatu zokha: ufa.

Mwanayo anayang'ana pansi. Kenako anayang'ana milomo ya bambo ake, kudikira kuti igwedezeke. Sinagwedezeke.

"Ababa," anatero chapansipansi, "kusukulu timanena tonse pamodzi. Ine ndimangotsatira anzanga."

"Kuyambira liti?"

"Kuyambira kale."

Wachigayo anakhala pansi pasimenti pomwepo. Sanamukalipire.

Magetsi anayaka m'mawa wa tsiku lachinayi. Anagaya matumba onse motsatira mzere mpaka masana, ndipo atamaliza anatenga foni imene inali pa tchaja. Anatsegula tsamba lija ali ndi nkhawa. Anapeza nkhokwe yake yaikulu ija itasunga zonse. Aganyu analima, ng'ombe zinakoka, mipope inathirira. Njere za masiku atatu amenewo zinali pafupifupi zofanana ndi za masiku atatu alionse amene iye ankadina kuyambira m'mawa mpaka madzulo.

Akuyang'anabe choncho, anafika Yotamu. Mlongo wake anali atamutumira uthenga wa nkhani ya sukulu.

"Alamu, mwaoneka ngati mwameza ntchentche. Munda wafa?"

"Sunafe. Sunandisowe n'komwe."

Yotamu anatenga foniyo n'kuloza timanambala tiwiri ta m'munsi. "Ndinakuuzani kalekale. Iyi ndi ya antchito anu. Iyi ndi ya chala chanu. Mukuiona? Kuli ngati kulavulira mumtsinje wosefukira kuti muwonjezere madzi."

Wachigayo anayang'ana kanambala kakang'onoko. Kenako anayang'ana benchi ya pakhonde, pamene mwana wake ankakhala masana alionse ndi kope, pafupi kwambiri mwakuti akanatha kumukhudza osadzuka. Miyezi yonseyi anali akuthandiza chinthu chosafuna thandizo lake.

Anatembenukira kwa mlamu wake. Kenako anati, "Alamu, tandiuzani bwinobwino za kutentha munda. Musandiseke."

Yotamu anakhala pathumba.

"Ulendo woyamba ndinafulumira. Munda unali usanakhwime, ndipo ndinapeza kaphulusa kochepa ngati fodya wa pamphuno. Ndinangotaya ntchito. Ulendo wachiwiri ndinatentha pa nthawi yake, phulusa linali lambiri. Koma phulusalo umasankha poliika. Ine ndinagulira mlimi wanga chipewa chokongola ndi mpanda wopaka utoto. Kenako ndinalima ndendende ngati kale. Ndinakaima pamalo omwe aja."

"Ndiye kutentha sikunathandize."

"Pakokha sikuthandiza. Ulendo wachitatu phulusa lonse ndinaliika pambewu, ndipo ndinayamba ndi kunola makasu ndisanaunjike aganyu. M'pamene ndinadutsa."

"Nanga nthawi yake umaidziwa bwanji?"

"Munda ukaima. Ukaona tsiku lathunthu lapita usanagule kanthu, ndipo phulusa limene akukulonjeza ndi lokwanira kusintha zinthu. Wanu uja unaima kalekale. Mukungousunga chifukwa ndi wokongola."

"Foni imakuuza phulusa limene upeze usanadine," anatero wachigayo. "Mwana alibe nambala pamphumi."

Yotamu anasiya kumwetulira. Anavula chipewa chake cha panjinga n'kuchiika pabondo.

"Alibe. N'chifukwa chake za mwana sindingakuphunzitseni ngati za foni. Ine ndine malume ake, mawu ndili nawo, koma sindikulamulani. Ndingokuuzani chimodzi. Ine kusukulu ankangondikankhira kutsogolo chaka ndi chaka chifukwa ndinali wamtali. Ndinasiyira Sitandade 6, tsiku limene anandiimiritsa kuti ndiwerenge ndekha. Masewerawa ndimawadziwira zithunzi ndi manambala. Kasitomala akandilembera uthenga wautali, ndimamuimbira n'kunama kuti ndili pamsewu."

Wachigayo anali atakhala naye pachilamu zaka khumi, koma zimenezi sankazidziwa.

Kunja wina anaitana kabaza. Yotamu anavala chipewa n'kupita.

Wachigayo anaitana mwana wake, amene ankasewera phada kuseri kwa chigayo. Anamukhazika pabenchi, iye n'kukhala pambali pake.

"Ndaziona, kutsidya sitipita. Ubwereza Sitandade 3 pasukulu yako yomwe ija."

Mwanayo anawerama.

"Ndikudziwa kuti n'zowawa. Ndipo sindikufuna kukutuma chinthu chimene ine ndikuchiopa. Taona."

Anamusonyeza galasi. Munda unali pomwepo, wobiriwira, ng'ombe zikuyenda uku ndi uku, thirakitala ikutulutsa kautsi. Anaika chala pa batani lofiira. Anadina. Foni inamufunsa ngati akutsimikiza, ndipo anadinanso.

Lawi linadutsa pagalasi kuchokera m'munsi kupita m'mwamba. Litazima, panatsala nthaka yakuda ndi khasu limodzi.

"Ng'ombe zija zapita kuti?" anafunsa Ndaziona.

"Zapita."

"Zibweranso?"

"Zina zidzabwera. Zimene zija ayi."

"Simukumva chisoni?"

"Ndikumva kwambiri."

Mwanayo anayamba kulira. Kaya ankalirira ng'ombe, kaya ankalirira kalasi, bambo ake sanamufunse. Anangomusiya alire atatsamira phewa lake lodzaza ufa.

Atatonthola, wachigayo anadina khasu kangapo mpaka njere zinakwana waganyu mmodzi. Anamulemba. Phulusa lonse analiika pambewu. Kenako anatseka tsambalo, n'kuika foni m'chitini cha misomali chimene chinali pamwamba pa khoma. Anatola khala n'kugwada pasimenti.

"Bwera kuno. Kuno kulibe anzako oti uwatsatire, ndipo palibe wokuseka. Ichi ndi u. Tanena wekha."

Sukulu itatsegulira, Ndaziona analowa Sitandade 3. Anali wamtali kuposa onse. Anzake akale akamadutsa pawindo ankamuitana kuti agogo a kalasi, ndipo sabata yoyamba anabwera kuchigayo akulira kawiri. Bambo ake anapita kukaonana ndi aphunzitsi, n'kupempha kuti mwanayo azikhala kutsogolo ndipo aziwerengetsedwa payekha ngakhale kamodzi pa sabata. Foni ankaitsitsa m'chitini kawiri patsiku, m'mawa ndi poweruka. Ankagula zoyenera kugula, n'kuibwezera. Masana, kaya magetsi alipo kaya palibe, ankapeza mpata wa khala ndi simenti.

Munda uja unadutsa pamene unaima paja m'masiku asanu ndi anayi okha. Mwana sanafulumire choncho. Mvula yoyamba itagwa, anali atayamba kuwerenga mawu aafupi, pang'onopang'ono, chala chili pansi pa chilembo chilichonse. Aatali ankamuvutabe. Koma akalakwitsa, ankalakwitsa mokweza, ndi mawu akeake.

Fanizo lathera pamenepo.

Makolo anzanga, sindikunena kuti mwana aliyense wotsalira abwereze kalasi. Kuyambiranso nthawi isanakwane n'kutaya chabe, ndipo kuyambiranso popanda chosintha kumakufikitsa pamalo omwe aja. Zimenezo muzikambirana ndi aphunzitsi, inu amene mukumudziwa mwanayo. Sindikunenanso kuti masewera a pafoni ndi tchimo. Ambiri a ife tili nawo, ndipo opanga ake anawapanga kuti aziyenda ife kulibe. Chimene chimandiopsa ine n'chakuti timasinthanitsa. Chimene chimayenda chokha timachilondera tsiku lonse, ndipo chimene chikufuna dzanja lathu timati chikuyenda chokha chifukwa sichikudandaula. Mwana wanga ali ndi zaka zisanu, ndi wofatsa, ndipo kufatsa kwakeko n'kumene kumandisowetsa mtendere.

Ndiye ndikupempheni chinthu chimodzi. Lero mukafika kunyumba, musafunse kope. Tengani pepala lililonse limene mwana wanu sanalionepo, mukhale naye pansi awiriwiri, ndipo akuwerengereni mizere itatu mokweza, payekha. Musamuuzire, musamukalipire, ndipo foni ikhale m'thumba mpaka amalize.